Kalata yotseguka kwa a Meya: pangano la mzinda lisathere pakhoma

Olemekezeka a Meya,

Ndikupatsani ulemu woyenera mpando umene mwakhalapo, ndipo mundikhululukire kuti ndilowa m'nkhani mosachedwa. Mawu ambiri a ulemu ndinawathera m'makalata anayi amene ndinakasiya ndekha ku ofesi yanu. Onse anadindidwa kuti alandiridwa, makope ake ndili nawo, koma palibe ngakhale imodzi imene inayankhidwa. Tinabweranso monga gulu la anthu a m'dera lathu. Ulendo woyamba tinauzidwa kuti muli pamsonkhano, wachiwiri kuti nkhaniyi ili m'manja mwa a zomangamanga, wachitatu kuti failo yake ikufunidwa. Lero ndikulemba poyera kuti pakhale mboni, popeza zokambirana kuseri zatikanika.

Ndikufuna mumve kaye za usiku umodzi wa m'nyengo ya mvula yapitayi.

Mvula inayamba chakumadzulo, ndipo sinali yachilendo. Tonse tinaionapo yoposa imeneyo. Cha m'ma 1 koloko usiku ndinadzidzimuka ndi kukuwa kwa mayi wina wachikulire amene amakhala nyumba yakumunsi kwenikweni, pomwe ngalande yaikulu imalowa pansi pa msewu. Ndi mayi wamasiye, amalera zidzukulu ziwiri. Nditatsitsa phazi pabedi ndinaponda madzi. Panja anali m'mawondo, pofika kwa mayiwo anali m'chiuno, ndipo ankathamanga moti ndinkayenda chogwirira mpanda. Magetsi anali atazima. Fungo la madzi amenewo ndimalimvabe mpaka lero. Zimbudzi za mzere wonse wakumtunda zinali zitasefukira, ndipo zonsezo zinatsikira kwa ife pamodzi ndi majumbo, matewera, mabotolo, ndi galu wakufa amene anandigunda mwendo mumdima.

Tinawapeza mayiwo ataima patebulo, kamtsikana kali kumsana, mnyamata wa zaka 6 atamukweza pamwamba pa kabati. Chitseko sichinkatseguka chifukwa cha mphamvu ya madzi, mpaka anyamata awiri apafupi anachithyola. Mnyamatayo ndinamunyamula ine paphewa. Dzanja limodzi anandigwira nalo mutu mwamphamvu, linalo atakumbatira chikwama cha mabuku ake akusukulu, ndipo njira yonse ankangondiuza kuti ndisanyowetse chikwamacho chifukwa aphunzitsi akakalipa. Ndinamulonjeza kuti sichinyowa. Tinafika pamtunda tonse amoyo, ndipo kutacha tinathokoza Mulungu kuti palibe amene wapita ndi madzi.

Sitinadziwe kuti choopsa chidakali m'mbuyo. Mipopi ya m'dera lonse inauma kwa masiku angapo chifukwa paipi inaduka pomwe msewu unakokoloka. Anthu anayamba kutunga pachitsime chakuseri kwa nyumba, chomwe usiku uja chinamira m'madzi omwe aja. Ena ankawiritsa, ena analibe chowiritsira popeza chilichonse m'nyumba chinali chitanyowa. Ana anayamba kutsekula m'mimba, nyumba iyi lero, iyo mawa. Mnyamata uja anayamba pakati pa usiku, kusanza ndi kutsekula kosalekeza, ndipo pofika m'bandakucha maso anali atalowa m'kati, khungu likatsinidwa osabwerera. Galimoto sikanatha kufika chifukwa cha msewu wodukawo, choncho ndinamunyamulanso ine, paphewa lomwe lija, mpaka kumsewu waukulu. Ulendo uno sanandigwire mutu. Achipatala anayesetsa, ndilibe nawo chifukwa, koma tinafika mochedwa.

Chikwama chija chidakali pamsomali m'nyumba mwa agogo ake. Mabuku ake sananyowe.

Pamaliro panabwera woimira khonsolo. Anapepesa mwaulemu, ndipo anati imeneyi ndi ngozi yogwa mwadzidzidzi, yobwera ndi kusintha kwa nyengo. Ndinakhala chete chifukwa pamaliro sipotsutsirana, koma lero ndiyankha. A Meya, chinthu chimene munachenjezedwa ndi kalata miyezi itatu mvula isanayambe sichingatchedwe chadzidzidzi. Kalata yanga yoyamba inatchula ngalande yomweyo, nyumba zomwezo, ngakhale chitsime chomwecho.

Sindikutsutsa zoti nyengo yasintha. Koma mvula ikagwa padenga, pasimenti ndi paphula, silowa pansi. Imathamangira kumunsi yonse nthawi imodzi. Mzinda ukamakula, madzi othamanga amachuluka ngakhale mvula itakhala yomwe ija yakale. Ngalande yathu inakumbidwa pamene kumtunda kunali nyumba zowerengeka, ndipo pakati pa nyumbazo ndi ife panali dambo. Dambolo linkamwa madzi a mvula n'kumawatulutsa pang'onopang'ono kwa masiku angapo. Lero latsala kachigawo chabe. Linakwiriridwa ndi dothi, linadulidwa mapuloti, pamangidwa nyumba zosungira katundu ndi mipanda italiitali, ndipo eni ake onse amaonetsa mapepala a chilolezo okhala ndi chidindo cha khonsolo. Chikhalirecho pamapu a mzinda, amene khonsolo yomweyo inavomereza, malowo analembedwa kuti pasamangidwe kanthu. Akuluakulu anati madzi saiwala khwawa. Atapeza kwawo kwatsekedwa, anadzera m'nyumba za amene alibe mipanda yowatchinga. Ku Curitiba, m'dziko la Brazil, meya Jaime Lerner ndi anzake m'zaka za m'ma 1970 anasandutsa malo a m'mbali mwa mitsinje kukhala mapaki okhala ndi tinyanja, monga paki ya Barigui, kuti mtsinje ukadzaza uzisefukira paudzu m'malo mosefukira m'nyumba za anthu. Iwo anachita kukonza ndi manja chimene ife tinali nacho kale mwaulere. Chathucho chinagawidwa.

Mwina mudzanena kuti ngalande tinaitseka ndife ndi zinyalala zathu. Ndikuvomera, ndipo anansi anga ndimawadzudzula pamaso ndikawapeza akukhuthulira ndowa m'ngalande usiku. Koma mundilole ndikufunseni monga kholo. Mayi amene ali ndi thumba la matewera a mwana, pabwalo pake palibe malo okumba dzenje, bini imene inali pamphambano inachotsedwa zaka ziwiri zapitazo, galimoto yotola zinyalala sinalowepo mumsewu wake, akataye kuti? Ku Curitiba komweko, m'madera momwe magalimoto sankatha kulowa, khonsolo inayamba mu 1989 kupatsa anthu matikiti a basi posinthana ndi matumba a zinyalala amene abweretsa pamsewu. Inaona kuti kukalipira anthu osawapatsa kotaya n'kungotaya nthawi. Ndipo tisaione ngati nkhani yaing'ono ya ukhondo. Mu 2015 mzinda wa Accra ku Ghana unataya anthu pafupifupi 150 usiku umodzi, pamene madzi osefukira anatenga mafuta pamalo omwetsera galimoto n'kubuka moto pomwe anthu ankausa mvula. Ngalande zodzaza zinyalala zinali m'gulu la zimene zinachititsa kusefukirako.

Zina ndingozitchula mothamanga chifukwa mukuzidziwa. Magetsi a m'misewu anazima kalekale, ndipo amayi ochokera kuntchito usiku akuchitidwa chipongwe. Zimbudzi zapamsika n'zotseka koma chiphaso cha tsiku ndi tsiku chikudulidwabe. Mavenda amathamangitsidwa lero, mawa abwerera, popeza malo amene analonjezedwa sanamangidwe. Chilolezo chomangira nyumba chimatenga chaka kwa wosauka, sabata imodzi kwa wodziwika. Kumtaya utsi sukutha, mulu ukukwera, nyumba zafika mpaka m'tsinde mwake, ndipo aliyense wotsatira nkhani akudziwa momwe milu yotere ya zinyalala inagumukira n'kukwirira nyumba za anthu ku Koshe mu Addis Ababa mu 2017, komwe kunafa anthu oposa 100, ku Hulene mu Maputo mu 2018, ndi ku Kiteezi mu Kampala mu 2024.

Tsiku limene ndinabwera kudzasiya kalata yachinayi, mwana uja titamuika kale, ndinadikira pabenchi maola awiri. Moyang'anizana ndi benchiyo pali chikalata cha pangano la mzinda, chimene kuofesiko mumati tchata, chili m'galasi lokongola, siginecha ya meya ili pansi pake. Ndinachiwerenga chonse kawiri. Chimati khonsolo idzatumikira anthu mwachilungamo ndi mosabisa, idzasamala chilengedwe poganizira ana a m'tsogolo, idzamva madandaulo mwachangu. Mawu onsewo ndi abwino ndipo ndikugwirizana nawo. Ndinafufuza pomwe pakunena kuti changucho ndi masiku angati, sindinapapeze. Ndinafufuza udindo wa munthu amene amayankha ngalande ikatsekeka, palibe. Ndinafufuza komwe ndingapite khonsolo ikaphwanya zimene yalemba yokha, palibenso. Ndinagwetsa misozi pabenchi paja, munthu wamkulu ngati ine, pozindikira kuti n'chikomekome cha mkuyu, m'kati muli nyerere. Mwana anafa mumzinda umene pakhoma pake palembedwa zonse zimene zikanamupulumutsa.

Ndinaphunzitsa mbiri yakale kwa zaka zambiri, choncho mundilole ndikumbutse komwe zikalata zotere zinachokera. Mu 1067, William atagonjetsa England, analembera anthu a mu London kachikalata ka mizere yochepa chabe. Kanati malamulo amene anali nawo m'nthawi ya mfumu Edward akhalabe, mwana aliyense adzalowa chuma cha bambo ake, ndipo iye sadzalola munthu aliyense kuwalakwira. Kachikopa kameneko akukasungabe mpaka lero. Mu 1215 mfumu John inakakamizidwa kulembanso m'chikalata cha ufulu chotchedwa Magna Carta kuti London ndi mizinda ina isalandidwe ufulu wake wakale. Anthu anasunga zikalatazi zaka mazanamazana chifukwa munali zinthu zogwirika, zoti akhoza kuloza ndi chala mfumu ikafuna kuwapondereza. Nthawi imeneyo pangano linkateteza mzinda kwa mfumu. Lero mphamvu yogawa malo, yotolera msonkho ndi yopereka zilolezo ili m'manja mwa khonsolo, ndiye amene tikusowa choloza ndi chala ndife.

Mizinda ina inaliona vutoli. Mzinda wa Montreal ku Canada uli ndi chikalata cha ufulu ndi udindo wa anthu okhalamo chimene chinayamba kugwira ntchito mu 2006, ndipo chili ndi pokadandaula: munthu akaona kuti mzinda waphwanya zimene unalonjeza, amapita kwa womva madandaulo wa mzindawo, wotchedwa Ombudsman, amene amafufuza nkhaniyo. Mizinda ya ku Ulaya imene inasaina pangano la ku Aalborg m'dziko la Denmark mu 1994, lonena za kuyendetsa mizinda mosawononga tsogolo, inakumananso komweko mu 2004 n'kugwirizana zoti mzinda uliwonse uziika zolinga zakezake ndi nthawi yozikwaniritsira. Zaka 10 zinawaphunzitsa kuti mfundo zabwino pazokha sizinyamula fosholo. Mayiko a m'bungwe la United Nations nawo anagwirizana mu 2015 kuti pofika 2030 mizinda ikhale yotetezeka ndi yosasiya munthu kunja, ndipo mu 2016 ku Quito anawonjezera ndondomeko ina yaitali ya mizinda. Mawu a m'mapangano amenewa timawamva m'zolankhula zanu, ndipo sindikukayika kuti mumawakhulupirira. Kumunsi kwa msewu wathu, kusamala tsogolo kumatanthauza kuti ngalande ikumbidwe mvula isanagwe.

Mavuto anu ndikuwadziwa, a Meya, ndipo sindikukuonani ngati munthu wouma mtima. Dambo linayamba kugawidwa inu musanakhale pampando. Ndikudziwa kuti makhonsolo ambiri padziko amasenzetsedwa ntchito popanda ndalama zake, kuti thandizo lochokera ku boma lalikulu limachedwa kapena kubwera loperewera, ndiponso kuti anthu akulowa m'mizinda mofulumira kuposa momwe mapaipi angaikidwire. A United Nations anawerengera mu 2018 kuti anthu 55 pa 100 alionse padziko amakhala m'mizinda, ndipo pofika 2050 adzakhala 68. Pangano la ku Ulaya la 1985 lokhudza kudzilamulira kwa maboma aang'ono linanena poyera kuti chuma cha khonsolo chiyenera kulingana ndi ntchito zimene yapatsidwa, ndipo atsogoleri a African Union anavomereza pangano lawo lopereka mphamvu ku maboma aang'ono ku Malabo mu 2014. Mukafuna kukamenyera ndalama zimenezi kwa akuluakulu, tiitaneni, tidzaima pambuyo panu. Koma kuyankha kalata sikudikira thandizo la boma! Kukana chilolezo chatsopano padambo sikulira ndalama. Kutseka chitsime choipa sikufuna msonkhano wa mayiko.

Mu 1854 kolera itabuka pa Broad Street mu London n'kupha anthu oposa 600, dokotala John Snow anapita kwa akuluakulu a deralo ndi umboni woti odwala ambiri ankamwa madzi apamjigo umodzi. Ambiri nthawi imeneyo ankakhulupirira kuti matenda amayenda ndi mpweya woipa, komabe tsiku lotsatira anachotsa chopopera cha mjigowo. Pambuyo pake zinadziwika kuti dzenje la zonyansa linkatsikira m'chitsimecho. Chathu chinamira m'zonyansa anthu onse akuona, patapita zaka zoposa 150 zimenezi zitadziwika, ndipo palibe wa khonsolo amene anabwera kudzachitseka, kudzathiramo mankhwala kapena kubweretsa madzi abwino ngakhale ndowa imodzi. Ku Surat m'dziko la India, mliri wa makoswe utabuka mu 1994, mkulu wa khonsolo amene anabwera chaka chotsatira, S. R. Rao, analamula akuluakulu a nthambi kuti m'mawa uliwonse azituluka m'maofesi n'kukayenda m'misewu imene akuyang'anira, ndipo m'zaka zochepa mzinda umene unkadziwika ndi uve unayamba kuwerengedwa pakati pa mizinda yaukhondo m'dzikolo. Akanakhala kuti mkulu mmodzi yekha anayenda mumsewu wathu sabata ija, akanaona ana akutunga.

Ndipo musaganize kuti tangopinda manja. Ku Orangi, dera la anthu osauka mu Karachi m'dziko la Pakistan, kuyambira mu 1980 anthu a msewu uliwonse ankasonkha ndalama n'kudziikira okha mapaipi a zonyansa motsogozedwa ndi Akhtar Hameed Khan ndi anzake, boma n'kutsala ndi udindo wa mapaipi akuluakulu. Ifenso mbali yathu tikuchita. Loweruka lililonse anyamata amalowa m'ngalande ndi mafosholo kuchotsa mchenga ndi mapulasitiki, opanda nsapato zoyenera. Koma chipaipi chapansi pa msewu, chomwe timati kalavati, n'chaching'ono, ndipo ife tilibe mphamvu kapena chilolezo chokumba msewu wa khonsolo.

Nthawi ya kampeni munaima pamphambano pomwepo, mapazi anu ali pafupi ndi ngalandeyo, n'kunena kuti m'miyezi yoyambirira idzakulitsidwa. Mayi aja anali pomwepo, anawomba m'manja, mdzukulu wawo ali pambali. Amene munawalowa m'malo analonjezanso chimodzimodzi, ndipo iwo anafika pobweretsa mainjiniya amene anayeza n'kukhoma zikhomo. Zikhomozo zinaolera pomwepo. Chikwangwani cha ntchitoyo chinaikidwa, chili ndi dzina la kontilakitala ndi tsiku lomaliza, kenaka chinazulidwa popanda mawu. Chaka china tinamva kuti ndalama za ngalandeyi zili m'bajeti. A khansala athu akuti sakudziwa komwe zinapita, ndipo ndikuwakhulupirira, chifukwa nawonso amaona mabuku a ndalama zonse zitatha kale. Tsiku losesa mzinda munabwera ndi atolankhani, tinasesa limodzi mosangalala, koma milu imene tinaunjika inakhala pomwepo mpaka mvula inaibwezera m'ngalande. Mwina kuofesi zimenezi zinaiwalika posinthana mipando. Kwa ife mlandu suola.

Ndimalipira msonkho wa nyumba chaka chilichonse, malisiti ndili nawo. Anansi ambiri anasiya, ndipo ndikawafunsa amangondilozera ngalande. Khonsolo imati ntchito siyenda chifukwa anthu salipira, anthu amati salipira chifukwa ntchito siioneka. Woyamba kusuntha ayenera kukhala amene akusunga mabuku. Ku Porto Alegre m'dziko la Brazil kuyambira mu 1989 anthu a dera lililonse ankakumana n'kusankha okha ntchito zimene gawo la bajeti ligwire, ndipo madera osauka ankasankha kwambiri misewu, madzi ndi mapaipi a zonyansa. Ku Freetown m'dziko la Sierra Leone, komwe anthu oposa 1,000 anafa kapena kusowa phiri litagumuka mu 2017, mayi Yvonne Aki-Sawyerr atakhala meya mu 2018 anawerengetsa nyumba za mumzindawo mothandizidwa ndi zithunzi zojambulidwa m'mlengalenga, kuti eni nyumba zikuluzikulu azipereka msonkho molingana ndi nyumba zawo. Freetown si mzinda wolemera.

Ndiye nazi zimene ndikupempha, m'dzina langa ndi la anansi amene anasaina nawo makalata aja. Mvula isanayambe, chipaipi chapansi pa msewu chichotsedwe, paikidwe chachikulu, ngalande ikumbidwe kuchokera kudambo mpaka kumtsinje, ndipo tsiku loyamba ndi lomaliza ntchito tiuzidwe polemba. Ngati ndalama zake palibe, mubwere nokha mudzatiuze kuti zija zinalembedwa m'bajeti zinagwira ntchito yanji. Zilolezo zonse zomanga pakachigawo ka dambo kamene katsala ziimitsidwe lero lomwe, ndipo mndandanda wa zimene zinaperekedwa kale, pamodzi ndi udindo wa amene anazisaina, uikidwe poyera.

Koma ngalande yathu yokha ikakonzedwa chifukwa choti wina walemba kalata yomveka patali, ndiye kuti dera lina lidzadikira maliro akeake kuti limvedwe. N'chifukwa chake chachikulu chimene ndikupempha n'chakuti chikalata chija chitsitsidwe pakhoma, chilembedwenso pamodzi ndi anthu m'misonkhano ya m'madera, m'zilankhulo zimene anthuwo amalankhula, kenaka chivomerezedwe ndi msonkhano wa makhansala onse ngati lamulo la khonsolo, kuti meya wobwera pambuyo panu asadzachitaye. Chinene masiku amene kalata iyenera kukhala itayankhidwa, tsiku limene galimoto ya zinyalala izifika m'dera lililonse, mwezi umene ngalande zonse zizikhala zitayeretsedwa, maola amene madzi abwino azifika pomwe kwasefukira, ndi mkulu amene aziyankha chimodzi mwa izi chikalephereka. Chikhazikitse womva madandaulo amene salembedwa kapena kuchotsedwa ntchito ndi meya. Chilamule kuti miyezi itatu iliyonse ndalama zolowa ndi zotuluka, mayina a makontilakitala ndi mitengo ya ntchito zawo zizimatidwa m'misika ndi kuikidwa pa intaneti, komanso kuti malo osunga madzi asasinthidwe ntchito anthu okhala kumunsi kwake asanafunsidwe. Nafenso mutilembemo udindo wathu, wa msonkho ndi wa zinyalala, pamodzi ndi chilango chake. Tidzasaina.

Pamsonkhano wotsatira wa makhansala onse tidzabwera n'kukhala pamipando ya anthu wamba, mwabata, makope a makalata anayi aja ali m'manja. Agogo ake a mwana uja anena kuti abwera nawo ngakhale miyendo ikuwavuta. Sangasamuke chifukwa alibe kopita, ndipo kamtsikana kaja kakugonabe m'nyumba yomweyo, mapazi ochepa kuchokera pomwe ngalande imalowa pansi pa msewu. Kumwamba kukangoyamba kuda amabwera kudzandifunsa ngati kwabwera yankho. Ndikupempha kuti ulendo uno mundipatse choti ndikawauze.

Ine wanu mwaulemu,
Mphunzitsi wopuma ntchito, wokhala kumunsi kwa ngalande